Mwini Nyumba Akufuna Chiyani?

Cape Town
7 Ogasiti 2011

Achemwali anga a Perpetua,

Moni kuchokera kuno kummwera. Muli bwanji pamodzi ndi alamu ndi ana ku Matawale? Nanga amayi, mawondo aja awaleka? Ine, mkazi wanga Sheila ndi mwana tili bwino, kungoti mphepo ya kuno ikuposa ya pamwamba pa phiri la Zomba mu Juni.

Chithunzi cha nyumba ya amayi ku Sadzi chomwe munanditumizira chandichotsa mtendere. Mng'alu woti mkono n'kulowa, khoma lochirikiza ndi mtengo wa bulugama, munthu wamkulu n'kumagona momwemo! Mvula ya chaka chino isawapeze m'nyumba imeneyo. A Stambuli, omwe akubweretserani kalatayi pa basi, ndawapatsira kangachepe koyambira. Njerwa munati zilipo. Kawapezeni a Habibu, amisiri aja, ayambe kumanga pamalo paja pakumtunda kwa nyumba yakale.

Koma tisamange mwachikale. Kuntchito kwathu, komwe timapanga mapulogalamu a pa kompyuta, tili ndi kagwiridwe kotchedwa ajailo. Sitijambula pulani yaikulu n'kuikakamira mpaka mapeto. Timagwira kachigawo kamodzi, n'kukamaliza, n'kukaonetsa, kenako n'kutenga kena. Ndinadzifunsa kuti ngati zikutheka pa kompyuta, zingakanike bwanji pa njerwa?

Muwauze a Habibu motere. M'mawa uliwonse iwo ndi anzawo azikumana choimirira, kuti nkhani isatalike. Aliyense azinena zomwe anachita dzulo, zomwe achite lero, ndi chomwe chikumutchinga. Ntchito aziigawa m'milungu iwiri iwiri, ife timati sipulinti. Milungu iwiriyo ikatha aziitana amayi adzaone, ndipo funso lizikhala limodzi: kodi mwini nyumba akufuna chiyani? Chomwe mwini nyumba akufuna ndicho chiziyamba, ngakhale chitakhala chosintha zomwe zamangidwa kale. Lamulo lalikulu ndi limenelo.

Pa foni amayi samva bwino, ndiye muwawerengere kalatayi pang'onopang'ono. Muzindilembera zonse.

Ndine mlongo wanu,
Dunstan

Matawale, Zomba
28 Ogasiti 2011

Iwe Dunstan,

Tonse tili bwino, alamu ako akupereka moni. Kalata ndi katundu zinafika. Amayi ndinawawerengera kawiri. Anamvetsera mutu uli pansi, kenako anati, "Mwanayo waganiza bwino," n'kupukuta m'maso ndi chitenje.

Tsono ajailo yakoyo. Tsiku loyamba ndinapempha kusukulu kuti ndichedwe, ndikaone ndi maso anga. Amayi anatulutsa mipando ndi mkeka. A Habibu anakana kukhala, ati bwana analetsa. Amayi nawo anati sangakhale pansi alendo ali chiimire, ndiye anaimirira atatsamira mtengo wa mango, mawondo akunjenjemera. Ine kulankhula ndi munthu wamkulu ngati a Habibu ndili njo ngati msilikali! Manyazi anandigwira mpaka ndinagwada bondo limodzi, osadziwa ngati ajailo imalola zimenezo. Unati kuimirira kumafupikitsa nkhani. Waiwala kuti kuno moni amafika mpaka kwa mbuzi? Anthu odutsa poona amuna ataima mozungulira, zipewa zili m'manja, ankapatuka kudzafunsa kuti watisiya ndani.

Funso lako lachitatu lija linatsala pang'ono kutidanitsa ndi anthu. Wosakaniza simenti atafunsidwa chomwe chikumutchinga, anayang'ana uku ndi uku n'kutchula azakhali a mkazi wake a ku Chinamwali, ati ndiwo anamutchingira mwayi kuyambira kalekale. Mawa lake wina anatchula neba wathu, nebayo ali panja akutsuka mbale. Ndalichotsa funsolo, ukwiye usakwiye. Pano amangofunsana kuti chasowa n'chiyani, ndipo yankho limakhala simenti.

Sipulinti ndiye anaimva ngati chakumwa cha m'botolo lobiriwira chija. Milungu iwiri itakwana anasamba m'manja n'kumayang'ana kumsewu. Amayi anawapatsa thobwa.

Komabe makoma a chipinda choyamba akwera, sindinama. Dzulo amayi anaitanidwa kudzaona. Anazungulira, anaima pakhomo, anayang'ana m'mwamba nthawi yaitali, n'kunena kuti mwini nyumba akufuna khomo lalitali kuposa pamenepo. Amayi omwewa, ondifika ine m'phewa! A Habibu anali atathira kale linta, konkire ya pamwamba pa khomo ija. Agumula.

Ine ndi ntchito yanga ya uphunzitsi ndizipitako Loweruka lokha. Uzilemba.

Perpetua

Cape Town
15 Sepitembala 2011

Achemwali,

Kalata yanu yandiseketsa mpaka mnzanga wa pa tebulo loyandikana anafunsa ngati ndili bwinobwino. Moni kwa onse. Amayi azikhala pampando, chonde, kuimirira kuja n'kwa ogwira ntchito okha. Za kutchinga zija wolakwa ndine, Chichewa chayamba kundithawa.

Koma za khomo musadandaule, pamenepo ndiye ajailo ikugwira ntchito. Kugumula linta imodzi lero n'kwabwino kusiyana ndi kudzaona cholakwika nyumba itatha. Chandisangalatsa kwambiri n'choti amayi akudzitchula okha kuti mwini nyumba. Taganizani, achemwali. Moyo wawo wonse akhala akuchita zofuna za ena, za malemu bambo, za ife, za kumpingo. Kano n'koyamba munthu kuwafunsa chomwe iwo akufuna. Mwina khomo lalitali analisirira kwinakwake ali mtsikana. Musawatsutse, ngakhale zitaoneka zachilendo.

Ndikukhulupirira kuti sipulinti ikubwerayi asankha denga la chipinda chawo. Mundiuze mitambo ikayamba kusonkhana pa phiri.

Dunstan

Sadzi
1 Okotobala 2011

Kwa bwana Dunstan,

Ndapereka moni ndi ulemu. Ine ndine Habibu, mmisiri wanu. Kuno tili bwino mwa chifuniro cha Mulungu, kaya inu kumeneko.

Bwana, ajailo yanu ndayamba kuikonda. Ndamanga nyumba kuyambira nthawi ya chipani chimodzi, koma sindinaonepo ntchito yoti khoma limodzi ulimange katatu, anthu n'kukuthokoza katatu konse. Amisiri anzanga akundifunsa kuti ndiwaphunzitse. Ndawauza adikire ndione kaye mathero ake.

Zasintha zingapo. Zenera la chipinda chachikulu linkayang'ana kumsewu, mayi anati mwini nyumba amakonda kuona phiri, ndiye talitseka n'kuboola kwina. Bafa linali la panja, pano lalowa m'nyumba, ndipo ati likhale logonamo ngati la ku hotela. M'chipinda chaching'ono tasiya mabowo a magetsi pa khoma lililonse, ngakhale nthambo za magetsi zinathera kumunsi kwa msewu. Tsopano tayamba galaja.

Ndili ndi mafunso awiri. Loyamba, galimoto yake ndi yaitali bwanji? Ndawafunsa mayi, ati ndifunse inu. Lachiwiri, pa ajailo nyumba imatha liti? Ife tinazolowera kuti ukakhoma lata lomaliza n'kupereka kiyi ndiye kuti watha. Apa zipinda zonse zili kukamwa yasa, palibe n'chimodzi chofolera, koma milungu iwiri iliyonse timauzana kuti tamaliza. Sindikudandaula ayi, ndikungofuna kudziwa, poti kwayamba kutentha kwa mvula.

Ndine wanu pa ntchito,
Habibu

Matawale
9 Okotobala 2011

Dunstan,

Moni ndikupatsa wachidule chifukwa mtima wanga uli m'mwamba. Ndakuimbira foni kangapo, siikulowa. Uli bwino?

Malata afika dzana, koma ochepa. Ndi vuto la mafutali katundu akusowa mpaka ku Limbe, ndipo omwe tapeza angokwanira chipinda chimodzi. Ena ati tidikire, mwina Disembala. Ndinati zikomo Ambuye, chipinda cha amayi chifoleredwe asamuke. Dzulo pa chionetsero chako chija cha milungu iwiri amayi anati ayi, mwini nyumba akufuna galaja iyambe kufoleredwa.

Galaja, Dunstan! Amayi alibe ngakhale njinga. Galimoto yomwe anakwera komaliza inali minibasi yopita kumaliro ku Jali, ndipo anasanza njira yonse. Ndinawafunsa kuti muikamo chiyani. Anandiyang'ana ngati ndine mwana wosamva, n'kunena kuti, "Chitsulo chikanyowa chimachita dzimbiri, munthu akanyowa amauma." Ndinatembenukira kwa a Habibu kuti andithandize. Iwo anavula chipewa n'kundikumbutsa lamulo lako lalikulu.

Ndayamba kuopa kuti mutu wa amayi sukuyenda bwino. Koma nyimbo za kutchalitchi akuzikumbukira zonse, tsiku la msika sasokoneza, adzukulu sawaphonya maina. Ndiye n'chiyani? Bafa logonamo la munthu woti kudzuka pampando amafuna womugwira dzanja? Kalata yako ya Sepitembala ija sindinawawerengere yonse. Ndinangowauza za moni ndi za mpando, ndinaopa kuti mawu ako owachemerera awonjezera moto.

Mng'alu uja wakula, tawonjezera mtengo wachiwiri wochirikiza. Ndawapempha a Habibu kuti malata asawakhudze mpaka uyankhe. Lemba msanga, uletse zimenezi ndi mawu ako, poti ine sakundimva.

Perpetua

Cape Town
11 Okotobala 2011

Achemwali,

Moni nonse. Yanu sindinaione mwezi uno, ndangolandira ya a Habibu, ndiye ndiwayankhira kudzera mwa inu. Foni yanga anandisolola m'sitima popita kuntchito, ndikapeza ina ndikutumizirani nambala.

Kunena zoona ndasokonezeka. Za zenera ndamva, phiri lathu ndi lokongola. Bafa ndayesa kulimvetsa, mwina n'chifukwa cha mawondo, madzi ofunda amathandiza. Koma galimoto yake iti? Kodi pali wina wawalonjeza amayi galimoto? Kapena akufuna kudzachititsa lendi, kaya kusungiramo chimanga? Ndinafunsa mkulu wathu wa ajailo kuno, bambo wina wodekha kwambiri. Iye anati mwini chinthu amadziwa zambiri zomwe sangathe kuzifotokoza, ntchito yathu n'kumukhulupirira. Ndiye a Habibu angoyezera galimoto wamba, ngati matakisi a pa depoti.

Funso lawo lachiwiri ndi lovuta. Kuno pulogalamu siitha, timangoikonzabe chaka ndi chaka. Kuti nyumba imafuna tsiku lothera sindinaganizepo bwino. Muwauze kuti ndikufufuza.

Mwachidule, chomwe amayi anena chichitike, ndipo chichitike msanga mvula isanagwe.

Dunstan

Sadzi
13 Novembala 2011

Dunstan,

Usadzidzimuke, amayi ali moyo ndipo sanavulale. Nyumba yakale yagwa.

Kalata yako itafika ndinaiwerenga ndikufunafuna mawu oletsa, m'malo mwake ndinapeza oti chomwe amayi anena chichitike msanga. Ndinadziwa kuti makalata athu aphonyana panjira, koma a Habibu anali ataima pomwepo akudikira, ndipo kuwanamiza sindikanatha. Malata anakhomedwa pa galaja.

Mvula yoyamba inagwa Lachinayi masana, yamphepo, yochokera kuphiri. Mwamwayi amayi anali ku msonkhano wa azimayi kutchalitchi. Pobwera anapeza khoma la kuchipinda litagona pa bedi pawo. Anthu anathandiza kutola zomwe zinatsala n'kuzilowetsa m'malo amodzi okhawo ofolera. Amati mapanga awiri avumbwitsa, nanga ife a zipinda zonsezi tinene kuti chiyani? Poyamba amayi ankakana kugonamo. Ndinachita kuwaopseza kuti ndiwanyamula kupita nawo ku Matawale, komwe amati kuli phokoso. Chikhomo cha galajayo tatchinga ndi mphasa ndi mapepala apulasitiki. Kuphikiramo akukana, ati utsi udetsa makoma.

Andiuza kuti ndilembe mawu awo momwe akunenera. Ndi awa.

"Mwanangu Dunstan, ine ndili bwino, usamve za anthu. Pepa ndalowa m'nyumba ya galimoto yako usanaione, ndi mvula yandichititsa. Ndayala mkeka pakona, sindikhudza kanthu, ukamabwera ndituluka. Ndayesetsa kukumbukira zonse zomwe umakonda. Khomo ndakweza poti kunyumba yakale unkagunda mutu. Zenera laona kuphiri, kumene unkangoyang'ana uli mwana mpaka phala kuzizira. Mabowo a magetsi ndi a makina ako a ntchito. Za bafa ndinafunsa a Stambuli kuti kumeneko mumasamba bwanji. Ngati ndaphonya pena undikhululukire, funso lako linali lovuta mwini wake uli kutali. Apongozi anga ndi mdzukulu sindikuwadziwa zokonda zawo, adzanena okha. Undiuze tsiku, ndisunge nkhuku."

Dunstan, cholembera ndinachisiya pomwepo. Ndinatuluka kukawafunsa a Habibu kuti kodi mwini nyumbayi ndani. Anadabwa kuti ndikufunsa. Ati si bwana Dunstan kodi, amene akumangitsa? Miyezi yonseyi takhala tikunena mawu amodzimodzi, aliyense akuloza munthu wake. Amayi sindinawauze kanthu. Ndiwauze chiyani?

Perpetua

Cape Town
24 Novembala 2011

Achemwali,

Kalata yanu ndaiwerengera pa siteshoni, sitima inandisiya ndili chiimire. Ndathokoza Mulungu kuti khoma lija silinawapeze m'nyumba.

Nyumbayo ndi ya amayi. Ndinkayesa n'zoonekeratu, moti sindinaone chifukwa cholembera. Galimoto ndilibe, achemwali, n'kuyendetsa komwe sindidziwa. Ndipo kubwera kudzakhala sindingalonjeze. Ntchito yangayi kwathuko ndi yosowa, Sheila ndi wa konkuno, mwana wayamba sukulu. Ndidzabwera kudzacheza, mwina pa Pasaka, mapepala akatuluka. Mtima ukundiwawa.

Muwauze zoona, koma mofatsa. Kenako a Habibu awafunsenso funso lija, ulendo uno motchula dzina: inu mayi Consolata, mukufuna chiyani? Za malata ena ndikuyesetsa.

Dunstan

Sadzi
4 Disembala 2011

Dunstan,

Moni. Mvula ikugwa bwino, chimanga chamera. Amayi ali pouma.

Ndinawauza Lachisanu, tikusankha nyemba pakhomo pa galaja. Ndinayamba ndi zokoma, kuti nyumba yonseyi ndi yawo, zipinda, bafa, zonse. Anaseka, ati nyumba yotereyi nkhalamba imodzi ichitemo chiyani, izisewera chibisalirano? Kenako kuseka kunatha. Anafunsa kuti, "Nanga iyeyo azikhala kuti?" Ndinati ukabwera kudzacheza malo sangasowe. Anabwereza mawu amenewo, kudzacheza, kawiri konse, manja ali m'lichero osasankha kanthu. Sanalire. Ine ndiye ndinalira, ndipo ndakukwiyira, ngakhale sindikudziwa bwinobwino chomwe walakwa.

Dzulo linali tsiku la chionetsero. A Habibu anaima ndi anzawo, amayi ali pampando. Anafunsa monga unanenera, motchula dzina. Ine ndinkayembekeza kuti anena za denga la chipinda chachikulu, poti malata ena ati afika sabata ikubwerayi. Amayi anati zipinda zinazo zidikire, palibe chowathamangitsa. Malata akabwera awasunge pabwino.

A Habibu anakanda m'mutu n'kufunsa kuti, "Nanga sipulinti ino tigwire chiyani, mayi?"

Amayi analoza khomo la galaja. Anati likulowetsa mphepo, ndipo ndi lalikulu kwambiri. Alitseke ndi njerwa, asiye kakhomo koti munthu mmodzi n'kulowa, ndi kazenera kotulutsira utsi akamaphika.

A Habibu anavomera. Kenako, poti ajailo aizolowera tsopano, anati njerwazo angozigwiriziza ndi dothi, kuti zinthu zikadzasintha kusadzavute kugumula.

Amayi anati, "Ayi. Mumange ndi simenti."

Ayamba mawa.

Perpetua